Kodi mafilimu opanda mawu anaonetsa bala la mumtima mwa msilikali?

Funso: Ndine mphunzitsi wa mbiri yakale pa sukulu ina ya sekondale ku Dedza. Tikafika pa nkhondo yoyamba ya padziko lonse, ana amandifunsa ngati anthu a nthawi imeneyo ankadziwa kuti nkhondo imavulazanso maganizo a msilikali, osati thupi lokha. Ine ndinkaganiza kuti mafilimu oonetsa msilikali wosokonezeka mutu anayamba ndi nkhondo ya ku Vietnam. Kodi mafilimu akalekale opanda mawu aja anaikhudzapo nkhaniyi? Nanga munthu wosalankhula pa kanema angaonetse bwanji zimene zikumudya mumtima?

Yankho: Aphunzitsi, anaikhudza ndithu, ndipo ena mwa iwo anaifika pakuya kuposa mafilimu ambiri olankhula amene anabwera pambuyo pake. Chimene chinabwera nkhondo ya ku Vietnam itatha ndi dzina limene madokotala akugwiritsa ntchito lero, PTSD, la matenda a maganizo amene amagwira munthu atakumana ndi zoopsa, lomwe linalowa m'mabuku a zachipatala ku America mu 1980. Koma balalo ndi lakale, ndipo kamera inaliona nkhondo yoyamba ikadali mkati.

Mu Febuluwale 1915, dokotala wa ku Britain, Charles Myers, analemba m'magazini ya zachipatala ya The Lancet za asilikali a Britain omenya nkhondo ku France amene analibe chilonda chachikulu chooneka, koma maso awo sankaona bwino ndipo anali ataiwala zimene zinawachitikira. Matendawa anatchuka ndi dzina lakuti shell shock, chifukwa poyamba anthu ankaganiza kuti kuphulika kwa mabomba a mizinga kunkagwedeza ubongo. Pasanapite nthawi zinaoneka kuti akudwala ndi anyamata amene bomba silinawaphulikire pafupi. Ena ankanjenjemera usana ndi usiku, ena miyendo inkakana kuyenda, ena ankadzuka pakati pa usiku akukuwa. Gulu la nkhondo la Britain lokha linaona odwala otere pafupifupi 80,000. Akuluakulu ambiri a asilikali sankafuna kumva zimenezi, ankati ndi mantha chabe, ndi njira yozembera nkhondo. Asilikali 306 a Britain ndi maiko a pansi pake anaomberedwa ndi anzawo omwe pa milandu ngati kuthawa nkhondo ndi mantha, ndipo boma linadzawakhululukira mu 2006, mochedwa zedi. Ena mwa iwo anali odwala.

Chizindikiro china chofala chinali kuuma pakamwa. Munthu lilime lake lili bwinobwino, pakhosi palibe bala, koma mawu osatuluka. Ngakhale amene ankalankhula, ambiri atafika kwawo sankasimba zimene anaona. Apa ndiye pali yankho la funso lanu lachiwiri. Filimu yopanda mawu inkadalira nkhope, manja ndi kayendedwe ka munthu, ndipo m'menemo ndi m'mene matendawa ankadzionetsera. Msilikali akanakhala ndi mawu akanati "ndili bwino," monga amuna ambiri amanenera. Popeza mawu panalibe, oonera ankayang'ana maso ake. Musaganize kuti m'holo munkakhala chete. Munkakhala woimba piyano, m'maholo akuluakulu munkakhala gulu lonse la oimba, ndipo mawu ochepa ankalembedwa pachinsalu pakati pa zithunzi. Koma katundu wolemera ankasenza ndi nkhope.

Nkhondo ili mkati, maboma sankalola kuti anthu kumudzi aone msilikali wawo atathedwa nzeru. Mafilimu ambiri a zaka zimenezo anali okopa anyamata kuti akalembetse usilikali: mdani ndi chilombo, mnyamata wathu ndi ngwazi, akafa amafa mwaulemu. Komabe kamera imajambulanso zimene mwini wake sanazifune. Mu Ogasiti 1916 ku Britain kunatuluka The Battle of the Somme, yojambulidwa ku France ndi Geoffrey Malins ndi John McDowell. Nkhondo ya ku Somme inayamba pa 1 Julayi chaka chomwecho, ndipo pa tsiku loyamba lokhalo asilikali a Britain oposa 19,000 anafa. M'masabata 6 matikiti pafupifupi 20 miliyoni anagulidwa, anthu ambiri ankapita kukafunafuna nkhope ya mwana kapena mwamuna wawo pachinsalu. Gawo lotchuka la anyamata akutuluka m'ngalande kukakumana ndi zipolopolo linali lochita kukonza, analijambula kutali ndi kumene kunkalira mfuti. Koma muli kagawo kena kenikeni ka masekondi ochepa. Msilikali akubwera m'ngalande atabereka mnzake wovulala, akafika pafupi ndi kamera amakweza maso n'kuiyang'ana. Mawu olembedwa amanena kuti wovulalayo anamwalira patangotha mphindi 30. Za woberekayo sanenapo kanthu. Koma nkhope yake ndi imene imakutsalira m'mutu: maso otopa, osapempha chifundo, opanda kunyada kulikonse.

Filimu imene inayang'ana matendawa maso ndi maso sanaipangire anthu wamba, inali ya madokotala. Mu 1917 ndi 1918 dokotala Arthur Hurst anajambulitsa odwala ake pachipatala cha asilikali cha Netley, kenako cha Seale Hayne ku Devon, ndipo filimuyo imatchedwa War Neuroses. Ndi yowawa kuonera. Bambo wina akuyesa kuyenda koma miyendo ikulowera kwina, thupi kwina. Wina mutu ukugwedezeka osaleka. Muli mnyamata amene sazindikira chilichonse chimene akuuzidwa, koma akangomva liwu lonena za mabomba amadziponya kunsi kwa bedi n'kubisala. Hurst ankafuna kuonetsa kuti njira zake zimachiza msanga, n'chifukwa chake odwala ambiri amaoneka kawiri, poyamba akuvutika, kenako akuyenda bwino, akulima, akuluka madengu. Wofufuza Edgar Jones wa ku King's College London anadzapeza kuti zina mwa zithunzi za "asanachire" zinajambulidwa munthuyo atachira kale, atauzidwa kuti abwerezenso mmene ankavutikira. Ndiye filimuyi imaulula ndi dzanja limodzi, n'kubisa ndi linalo. Imavomereza kuti matendawa ndi enieni, koma imatisiya tikuganiza kuti amatha m'masiku ochepa, pamene zoona zake n'zakuti zaka zambiri nkhondo itatha amuna masauzande ambiri ankalandirabe penshoni chifukwa cha matenda a maganizo, ndipo ena anakalambira m'zipatala za amisala. Chinanso, m'filimuyi timamuyang'ana wodwala tili kunja kwake, monga amayang'anira dokotala. Zimene iye akuona m'mutu mwake sitikuziona.

Amene anatilowetsa m'mutumo ndi Abel Gance wa ku France, ndi filimu yake J'accuse ya mu 1919. Ngati nthawi yanu ikulola filimu imodzi yokha, ikhale imeneyi. Gance anayamba kuijambula nkhondo isanathe, mpaka anapita ndi kamera ku Saint-Mihiel mu Sepitembala 1918, kumene asilikali a America ankamenyana ndi a Germany. Nkhani yake ndi ya amuna awiri a mudzi umodzi okonda mkazi mmodzi, Edith. Wina ndi mwamuna wake François, munthu waukali ndi wankhanza, winayo ndi Jean Diaz, mlakatuli wofatsa. Kunkhondo adani awiriwa amasanduka pachibale. François amafa ndi mabala. Jean amabwerera kumudzi mutu utabalalika.

Atafika amaitana anthu a m'mudzimo kuti asonkhane usiku, n'kuwauza zimene anaona. Akuti anali pabwalo la nkhondo lodzaza mitanda, ndipo akufa anadzuka mmodzimmodzi, n'kuyamba ulendo wobwerera kwawo kuti akaone ngati imfa yawo inapindulira aliyense. Pamene akusimba, ife oonera tikuziona. Gance anasanjikiza zithunzi, mitanda imasungunuka n'kukhala mitembo, mitemboyo imayamba kugwedezeka, imadzuka, ena atamanga nsalu kumutu, ena akutsimphina, ena atanyamula anzawo. Anthu a m'mudzi aja amayamba kudzifunsa, amene anaiwala msanga mwamuna wake, amene analemera pamene ena ankafa. Akasuzumira panja amapeza msewu wadzaza ndi akufawo. Akuluakulu anati wamisala anaona nkhondo, ndipo Gance anamanga filimu yake pa nzeru yomweyo. M'mudzi monse, amene akunena zoona ndi amene onse akuti wapenga.

Chimene chimandiziziritsa nkhongono pa gawo limeneli ndi anthu amene anasewera akufawo. Sanali a zisudzo. Gance mwini wake anasimba pambuyo pake kuti anali asilikali pafupifupi 2,000 ochokera ku bwalo la nkhondo la Verdun ku France, amene anali pa tchuthi cha masiku 8 asanabwerere kunkhondo, ndipo anati patangopita masabata ochepa ambiri a iwo anali atafa. Anasewera maliro awo omwe, akudziwa bwino kumene akubwerera. M'gulu lomwelo muli wolemba mabuku Blaise Cendrars, amene anaduka mkono wamanja kunkhondo mu 1915 ndipo ankathandiza Gance pa ntchitoyi. Kumapeto, Jean amapeza ndakatulo zimene analemba asanapite kunkhondo, zotamanda dzuwa ndi mtendere. Amazing'amba, amaloza dzuwa n'kuliimba mlandu kuti linkawala bwanji likuona zonsezi, kenako amagwa n'kufa. Sindikunena kuti filimuyi ilibe banga. Ndi yaitali, malo ena imakokomeza chisoni, ndipo asilikali a Germany imawaonetsa ngati anthu oipa okhaokha. Koma palibe filimu ina ya nthawi imeneyo imene inalemekeza msilikali wosokonezeka mutu chotere, kumusandutsa mboni m'malo mwa chinthu chochititsa manyazi.

Ngakhale Charlie Chaplin anaikhudza nkhaniyi m'njira yake. Mu Shoulder Arms, imene inatuluka mu Okutobala 1918, makalata afika m'ngalande, aliyense walandira kupatula iye. Amaima kumbuyo kwa mnzake n'kumawerenga kalata ya mwini wake, nkhope yake ikusintha limodzi ndi ya mwini kalatayo. Anthu ankaseka, koma kusungulumwa kwa msilikali kuli pomwepo.

Ku America panapita zaka anthu asanafune kuonanso nkhondoyi pachinsalu mmene inalili. Mu 1925 kampani ya MGM inatulutsa The Big Parade, yotsogoleredwa ndi King Vidor. Nkhani yake inachokera kwa Laurence Stallings, amene anavulala pa nkhondo ya ku Belleau Wood ku France mu 1918 mpaka anadzadulidwa mwendo, choncho ankalemba zimene ankazidziwa. John Gilbert anasewera Jim, mwana wa bambo wolemera, amene amalembetsa usilikali chifukwa chotengeka ndi nyimbo ndi mbendera za pamsewu. Theka loyamba ndi nthabwala ndi chikondi, Jim akuphunzitsa mtsikana wa ku France, Melisande, kutafuna chingamu. Kenako filimu imatembenuka. Asilikali akuyenda m'nkhalango momwe muli adani obisala m'mitengo, ndipo Vidor anawayendetsa motsatira kugunda kwa ng'oma yaikulu, pang'onopang'ono, pa liwiro la anthu operekeza maliro. Wina amagwa, mzere osaima. Wina amagwanso. Palibe wothamanga, palibe wotembenuka, nkhope zonse zauma gwa. Mantha amene ali pamenepo ndi a munthu amene walamulidwa kuyenda kupita ku imfa ndipo akuyenda.

Usiku wake mnzake wa Jim, Slim, amatumidwa kunja kwa dzenje ndipo amavulazidwa. Jim akumudziwa kuti akufa mumdima koma lamulo likuti akhale pomwepo, mpaka amalephera kupirira n'kutuluka ali wolusa. Amagwera m'dzenje limodzi ndi msilikali wa Germany amene wamuvulaza. Amakweza mpeni wa kumfuti kuti amumalize, n'kuona kuti ndi kamnyamata. Dzanja limafooka. Amamupatsa ndudu, mnyamatayo amafera pomwepo, ndipo Jim amatsala m'dzenjemo ndi mtembo. Vidor sanafulumire kuchotsa kamera pa anthu awiriwa, ndipo kudekha kumeneko ndi kumene kumapweteka. Jim akabwerera kwawo, mwendo umodzi palibe, ndipo mtsikana amene anamusiya kumudzi wakondana ndi mchimwene wake. Mayi ake akamukumbatira, timaona zimene iwo akukumbukira: kamwana kawo kakuyenda, kakuthamanga. Jim sakulira. Waima njo, nkhope yakalamba, maso akuyang'ana kutali. Filimuyi inaonetsedwa pafupifupi zaka ziwiri mosalekeza pa holo ya Astor ku New York, umboni wakuti anthu anali okonzeka kuona zimenezi.

Wings ya mu 1927, imene inapata mphoto yoyamba ya Oscar ya filimu yopambana, inatsogoleredwa ndi William Wellman, amene anayendetsapo ndege za nkhondo ku France. M'menemo Jack amagwetsa ndege ya Germany osadziwa kuti woyendetsa ndi mnzake wapamtima David, amene anaiba ndegeyo pothawa kwa adani. Amabwerera kwawo akulandiridwa ngati ngwazi, imvi zitatuluka ali mnyamata, n'kupita kukapereka katundu wa malemuyo kwa makolo ake.

Apa ndiyenera kunena chimene sindikondwera nacho m'mafilimu a ku Hollywood amenewa. Ankakonda bala looneka ndi maso, mwendo woduka kapena imvi, chifukwa limeneli oonera amalimvera chisoni mosavuta. Ndipo mankhwala ake nthawi zonse anali mkazi. Jim amabwerera ku France akutsimphina, Melisande amamuthamangira m'munda, nkhani yatha. Jack amakhululukidwa ndi mayi a David, n'kupeza mtsikana woyandikana naye nyumba akumudikira. Mwamuna amene anabwera n'kulowerera mowa, amene ana ake ankamuopa, amene ankalephera kugwira ntchito kapena kugona, sankagulitsa matikiti. Mtolo umene akazi ndi ana a amuna otere anasenza kwa zaka zambiri suoneka n'komwe.

Ku Germany, dziko limene linagonja, balalo linatulukira mokhotakhota. Das Cabinet des Dr. Caligari ya mu 1920 ilibe ngalande kapena mzinga. Ili ndi munthu woyenda ali mtulo, Cesare, amene amapha akalamulidwa ndi mbuye wake, nyumba zopendekeka ngati za m'maloto oipa, ndi chipatala cha amisala. Mmodzi mwa olemba ake, Hans Janowitz, anamenya nawo nkhondo ndipo anabwerako akudana nayo. Ku Germany madokotala ena, monga Fritz Kaufmann, ankagwiritsa ntchito magetsi opweteka pofuna kuti odwala onjenjemera abwerere kunkhondo. Katswiri Anton Kaes, m'buku lake la mu 2009, Shell Shock Cinema, amati mafilimu oterewa ndi nkhondo imene ikulankhula mobisa. Ndikugwirizana naye pa Caligari, ngakhale sindingapite naye mpaka kuona nkhondo m'filimu iliyonse yoopsa ya zaka zimenezo.

Imene imanditenga mtima pambuyo pa J'accuse ndi ya ku Soviet Union, ya mu 1929, yotsogoleredwa ndi Fridrikh Ermler, yodziwika ndi dzina lakuti Fragment of an Empire. Msilikali wina, Filimonov, anaiwala zonse kunkhondo, ngakhale za iye mwini, ndipo wakhala zaka pafupifupi 10 pa siteshoni ya sitima kumudzi. Tsiku lina amaona nkhope ya mkazi pawindo la sitima, china chake n'kugwedezeka mwa iye. Akakhala pa makina osokera n'kuyamba kupukusa, kugunda kwa singano kumasanduka kulira kwa mfuti ya chiwaya. Zithunzi zimathamanga, zidutswazidutswa: ngalande, kuwala kwa usiku, Yesu pamtanda atavekedwa chophimba kumaso choteteza ku mpweya wa poizoni, msilikali wa Russia ndi wa Germany akukumana n'kupezeka kuti nkhope yawo ndi imodzi. Madokotala lero amafotokoza kuti phokoso kapena fungo wamba limatha kumubweza munthu pa tsiku limene anavulala. Ermler anazionetsa zimenezo m'filimu yopanda phokoso, ndipo woonera amalimva phokosolo m'mutu mwake. Theka lachiwiri limasanduka kutamanda boma la Soviet, koma gawo la makina osokera lokhalo ndi lokwanira phunziro lathunthu.

Popeza mukuphunzitsa ana a kuno, musawasiye aganize kuti imeneyi inali nkhani ya azungu okha. Nkhondo inafika ku Karonga pa 9 Sepitembala 1914. Anyamata a Nyasaland anamenya nkhondo m'gulu la King's African Rifles, ndipo amuna pafupifupi 200,000 anatengedwa, ambiri mokakamizidwa, kukagwira ntchito ya tengatenga, kusenza katundu wa asilikali ndi njala ndi matenda. John Chilembwe analembera kalata nyuzipepala ya Nyasaland Times chakumapeto kwa 1914 kudandaula kuti anthu akuda akufera nkhondo imene si yawo. Gulu la Germany la Paul von Lettow-Vorbeck linakagonjera ku Abercorn, komwe lero ndi Mbala ku Zambia, pa 25 Novembala 1918. Palibe imodzi mwa mafilimu ndatchulawa imene inayang'ana nkhondo ya kuno. Zimene tili nazo ndi chipilala cha ku Zomba ndi mawu a okalamba amene Melvin Page anawafunsa m'zaka za m'ma 1970, omwe ali m'buku lake The Chiwaya War. Mukawaonetsa ana nkhope ya msilikali wa ku Somme uja, muwafunse kuti agogo a agogo awo anabwera ndi nkhope yotani kuchokera ku Tanganyika kapena ku Mozambique, ndipo pamudzi anawalandira bwanji.

Pa zoti muonetse m'kalasi, ndingayambe ndi kagawo ka ku Somme, kenako ulendo wa m'nkhalango ndi gawo la m'dzenje mu The Big Parade, n'kumalizira kudzuka kwa akufa mu J'accuse. Zambiri mwa izi zikupezeka pa YouTube. War Neuroses muionere nokha kaye musanasankhe, ndipo mukaionetsa muwauze ana kuti amenewo ndi odwala enieni, osati a zisudzo. Samalaninso ndi liwiro. Mafilimu ambiri akale ankajambulidwa pa zithunzi 16 mpaka 20 pa sekondi, ndipo akaseweredwa pa 24 monga a masiku ano anthu amaoneka akuthamangathamanga, kunjenjemera kwa wodwala n'kuoneka ngati nthabwala. Funafunani makope okonzedwanso bwino, okhala ndi nyimbo zake, monga la The Battle of the Somme limene linakonzedwa ndi Imperial War Museum ya ku London.